Mpira wa Mkamwini M'foni Yanga

Kwathu ku Katete mkamwini ndi apongozi ake aakazi sayang'anana kumaso. Akakumana m'njira, wina amapatukira kutchire, ngakhale kutchireko kuli chitedze. Sakhala pamphasa imodzi, sapatsana chinthu pamanja, ndipo akafuna kulankhulana mawu amadzera mwa munthu wina. Mwambo umenewu ndinabwera nawo kuno ku Nkomeshya pamodzi ndi mtondo ndi amuna anga. Mtondo unang'ambika, amuna anga anatsogola, mwambo ulipobe.

Mwana wanga wamkazi wotsiriza atapeza mwamuna, ndinakana kuti am'tenge. Ndinati abwere amange pano monga tichitira kwathu, pakuti munda umene eni dziko anatipatsa ndi waukulu ndipo mawondo anga anatha. Mnyamatayo makolo ake ndi a kum'mawa ngati ife, sanavute. Anamanga kuseri kwa khitchini yanga, pakati tinaika mpanda wa udzu, mtengo wa mango unatsalira mbali yawo koma mthunzi tinkagawana. Zaka zoyambazo anali mkamwini woti ukam'tchula kutchalitchi anzako amasintha nkhani. Nkhope yake sindinkaidziwa bwino, koma msana wake ndinkaudziwa ngati wa mwana wobala ndekha. Unali msana wa munthu wolima.

Chaka china, nthawi yokolola, msana uja ndinayamba kuuona ukulowera kumsewu. Akangomwa tiyi, uyo panjinga, wa ku boma ku Chongwe. Kubwera dzuwa litapendeka, manja lendelende, maso psuu, koma osanunkha mowa. Anzathu chimanga chili m'nkhokwe, chathu chiswe chikuchita nacho phwando. Mwana wanga ankakolola yekha, kamdzukulu kanga kali kumbuyo. Ndikam'funsa ankangoti, "Akuti ali na mapulogilamu, amama."

Amene anandimasulira mapulogilamuwo ndi mayi wina wa m'kwaya yathu, wogulitsa tomato pamsika wa ku boma. Tikutuluka m'tchalitchi anandigwira chitenje.

"Mkamwini wanu timamuona tsiku ndi tsiku pa babashopu ya pafupi ndi siteshoni. Mutu ndi umodzi womwewo, koma kumeta kwake!"

"Mwina tsitsi lake limakula msanga," ndinatero.

"Mwina. Koma khomo loyandikana nalo ndi saluni, ndipo muli mtsikana wa nsidze zolemba ndi pensulo. Ine sindinanene kanthu."

Munthu akati sananene kanthu, dziwani kuti kwaya yonse yamva kale. Ana anga ena maukwati awo anathera m'tauni, ine ndinkangomva pafoni ngati uthenga wa maliro. Uwu wokha ndiwo unali pamaso panga, ndipo ndinatsimikiza mumtima kuti sutha ine ndili moyo.

Ndinanamizira mawondo, ndinati ndikupita kuchipatala. Nditatsika minibasi ndinakabisala kuseri kwa mulu wa makabichi, pakuti mpongozi sayandikira pamene pali mkamwini, ngakhale pakhale pometera. Msana uja ndinauzindikira nthawi yomweyo, uli pabenchi ya pakhonde, wopindika ngati wa munthu wopalira. Anagwira foni chopingasa ndi manja onse awiri, mmene mwana amagwirira chimanga chootcha, zala zazikulu zikuvina. Mtsikana wa nsidze uja anatuluka ndi beseni, m'chiuno mukugwedezeka, anakhuthula madzi pafupi ndi mapazi a mkamwini wanga. Mwamuna osadzutsa mutu. Anatulukanso kachiwiri, beseni lopanda madzi. Osadzutsa mutu. Ndinam'mvera manyazi mwana wa eni.

Patapita nthawi wometa anam'landa foni ija n'kupatsa wina amene ankadikira. Mkamwini wanga anatenga tsache, anasesa tsitsi, analiwola, anakataya. Munthu amene chimanga chake chikudyedwa ndi chiswe, akusesa tsitsi la anthu osawadziwa! Atakwera njinga yake, ine ndinatuluka m'makabichi.

"Ambuya, mwabwela kumeta olo kuchaja?" anafunsa wometayo, mwamuna wa ndolo kukhutu limodzi.

"Ndabwera kudzaona chimene mukum'dyetsa mkamwini wanga."

Anaseka mpaka makina anam'terereka pamutu pa munthu. Anandionetsa m'foni muja. Munali bwalo lobiriwira, tianthu ting'onoting'ono tikuthamangitsa mpira, chikhamu chikukuwa ngati chenicheni. Anati kafoni ka mkamwini wanga n'ka mabatani, sikangakwanitse, ndiye amasesa kuti azipatsidwa mpata pa foni ya wometayo. Pa anthu onse a pa siteshoni, anati, palibe wom'gonjetsa.

"Nanga wa m'saluniyu?"

"Uja? Ambuya, olo avule nsapato amumenye nayo, sangamuone."

Ndinakhala pabenchi paja mtima uli pawiri. Akanakhala mkazi ndikanadziwa pom'gwira, ndakhala ndikulangiza anamwali zaka zambiri. Koma mpira wa m'galasi ungapite nawo kwa ankhoswe ati? Pamenepo ndinakumbukira mbuzi. Mbuzi ikazolowera kukanyambita mchere kwa eni, suimenya. Umaika mchere m'khola mwako.

Ndinapisa dzanja pachifuwa n'kutulutsa foni yanga. Ndi yaikulu, galasi lokhalokha. Anandigulira mwana wanga wamwamuna wa ku Lusaka, ndipo popeza zilembo ndi ine sitidziwana, anaikonza kuti izitseguka ndi chala changa chachikulu. Chala chimenechi chadinda mapepala a fetereza ndi a mavoti moyo wanga wonse, koma foni ndiyo inayamba kuchimvera.

"Umu mungalowe mpira?"

Anaitembenuza, anaimba likhweru. "Ambuya, iyi foni muchitila chani imwe?"

"Ndimamvera kwaya."

"Ivutika chabe iyi."

Anandifotokozera, nane ndikuuzani mmene ndinamvera. Kale kunali kachida kamasewera kogwira m'manja, ka ana a anthu olemera, kodya timbale take tokha. Kachidako kanatha m'masitolo, koma masewera ake anthu sanawaiwale. Ndiye anzeru ena anapanga chinthu chotchedwa emyuleta: ukachiika m'foni, foniyo imavala chigoba, imadziyesa kachida kaja. Ife a kum'mawa za zigoba sitifunsa zambiri. Koma emyuleta payokha ndi khola lopanda kanthu. Gemu imabwera padera, amati fayilo, ndipo uyenera kuilowetsa wekha.

Khola analiika msanga. Kenaka anagoneka foni yake pambali pa yanga kuti gemu iwoloke. Ndinam'funsa ngati iye atsala wopanda. Anati ayi, zili ngati kupala moto, wopala amapita nawo, mwini amatsala nawo. Kamzere kanayamba kukwawa pagalasi ngati nkhono. Foni yanga ikati igone, iye, "Chala, ambuya," ine dii. Kamzere katangofika kumapeto malaiti anazima, munthu ali pampando mutu wometedwa mbali imodzi, ndipo panabuka mlandu woti wometayo analibenso nthawi ya ine.

"Yalowa, koma ikali yomanga," anakuwa ndili pakhomo. "Ifunika kumasula na kuika mu foda yake. Apongozi anu aziba, ni akatswili!"

Kunyumba ndinaitanira mwana wanga kukhitchini n'kumuuza zonse: kulibe mkazi, kuli mpira, ndipo mpirawo uli pachifuwa panga pano. Ndinkayembekeza kuti agwada athokoze.

"Ndiye mwakamutengela mkazi wachiwili, mwamubweletsa pakhomo?"

"Mkazi wachiwiri wogona m'kamisolo mwanga aposa wa ku boma. Uyu wotsegula ndine, wotseka ndine. Kumunda m'mawa, mpira masana. Kamuuze."

M'mawa mwake njinga sinatuluke. Tinakhala motere: ine mbali yanga ya mpanda, iye mbali yake pansi pa mango, tapatsana misana, mwana wanga pakhomo la mpanda ngati womasulira m'tchalitchi. Vuto loyamba linali loti foni ikuchokera pachifuwa pa apongozi, ikadali yofunda. Mkamwini woleredwa bwino sangaigwire. Tinagwirizana kuti woigwira akhale mkazi wake, iye azingonena.

"Uwauze amai kuti zikomo maningi."

"Akuti athokoza."

"Umuuze kuti ndamva. Umuuzenso kuti chiswe sichisewera mpira, chili pantchito pano tikulankhula."

"Akuti mukakolole."

Mpanda wa udzu subisa mawu, tonse tinkamvana bwinobwino, koma ulemu ndi ulemu.

Anauza mkazi wake kumene fayilo inagwera, m'chipinda cha zolandira, ndi kachizindikiro koti adine kuti imasuke. Anati gemu imayenda yomangidwa ngati mtolo kuti ichepe panjira, ndipo emyuleta siiona mpaka utaimasula. Mwana wanga anadina. Foni inaganiza, inaganiza, n'kukana.

"Ikuti sipesi yachepa."

Kuseri kwa mpanda kunamveka kubuula ngati munthu wapondedwa ndi ng'ombe. Anafotokoza kuti pomasula pamafunika malo a mtolo ndi malo a zotuluka mu mtolomo, zonse nthawi imodzi. Zimenezo ndinazimva msanga, woswa mtedza amafuna poika makoko ndi poika mtedza. Ndiye tinayamba kusesa m'foni. Oyamba kupita anali maluwa. Mkazi wa mwana wanga wa ku Lusaka amanditumizira chithunzi cha maluwa m'mawa uliwonse, pali mawu amene sindinawawerengepo, ndipo anali atadzaza ngati udzu wa m'dimba. Amenewo sindinawalire. Kenaka makwaya. Apo ndinalimbana nawo nyimbo ndi nyimbo, mpaka ndinapulumutsa imodzi imene ndimatsogolera ine. Uku tikukangana, foni ikagona, mwana wanga ayende adzatenge chala, abwerere. Pakati pa khitchini ndi mango anayenda mtunda wokafika ku Chalimbana.

Anadinanso. Inakananso.

"Uone mu mavidiyo, muli chimodzi chikulu," anatero mkamwini.

Mwana wanga anachitsegula. Ndinacheuka pang'ono, ndinaona wayang'anitsitsa galasi, m'foni mukulira nthungululu. Inali vidiyo ya ukwati wawo, kuyambira kutchalitchi mpaka pamene ndinavina ine nsapato n'kuvuka.

"Iyi nidilite?" Sanafunse ine, anafunsa mwamuna wake.

Mwamunayo anakanda kukhosi. "Alamu ku Lusaka afunika ali nayo."

"Afunika, olo ali nayo?"

Ndinaona kuti ntchito iima, ndinalowererapo. "Iwe, ukufuna ukwati wa m'galasi kapena wa pabwalo? Wa m'galasiwo sukolola." Anadina, nthungululu zinadukira pakati. Mtolo unamasuka.

Munatuluka zinthu zitatu, mmene anatiwerengera mwana wanga: gemu yeniyeniyo, foda ya matimu, ndi foda ya nkhope ndi mayunifomu. Chilichonse chinali ndi nyumba yake, ndipo nyumbazo zinali m'kati mwa nyumba ina imene emyuleta inadzimangira yokha. Mwamuna ankatchula mayina achizungu, mkazi ankafunafuna.

"Osati iyo, bwelela kumbuyo."

"Nabwelela."

"Wabwelela maningi!"

"Ndiye bwelani muchite mweka."

Atatsegula emyuleta, m'khola munali mbee. Anailozera kumene gemu yakhala, ndiye inaonekera. Likhweru linalira. Kenaka mkamwini wanga, amene anasuzumira paphewa la mkazi wake, analira kuposa likhwerulo.

"Mayo! Alibe nkhope!"

Ndinapempha kuti ndione nawo. Tianthu tija tinkathamanga ndithu, koma kumaso kuli bii, malaya oyera okhaokha. Foda ya nkhope inali italowa nyumba yolakwika.

"Umuuze asadandaule," ndinatero. "Amenewa ndiwo oyenera pakhomo pano. Onse ndi akamwini, palibe woti ndim'patukire."

Anaseka mwana wanga asanam'fikitsire mawu. Chimangire nyumba pano, kanali koyamba kuti kuseka kwake kuyankhe mawu anga osadzera mwa munthu. Anazindikira, anakusandutsa chifuwa.

Koma kuona mkazi wake akusocheretsa mafoda kunam'pweteka kuposa mwambo. Anati, "Uwapemphe amai, kapena foni ingakhaleko mu lichelo, ipole." Tinaiika m'lichero, inazizira, anaitola ngati dzira. Zala zake zinkadziwa njira. Anasamutsa foda ija, anafufuta mtolo wakale kuti malo atsale, ndipo pansi pa mango panabuka chikhamu. Nkhuku zinathawa.

Ndinene zoona, mankhwala anagwira. Munthu uja ankakolola ngati akuthamangitsidwa, pakuti ankadziwa kuti chala changa sichituluka ngolo isanafike pankhokwe. Masiku owerengeka munda unali mbee. Matayala a njinga anaphwa. Kutchalitchi ndinam'peza mayi wa tomato uja n'kum'funsa ngati akumuonabe mkamwini wanga ku boma. Anati ayi. Ndinati, "Tsitsi linasiya kukula."

Kukolola kutatha, m'mawa munalibenso ntchito, ndipo mpira unalowa m'mawamo. Mpira umadya moto ngati mbaula, sola ili padenga langa, ndiye tinadutsitsa waya pampanda, iye n'kusendeza mpando kudzatsamira mpanda womwewo umene ine ndimatsamira mbali yanga. Mkazi wake akabweretsa chakudya, "Ika apo." Kamwana kakam'koka mwendo, ankakasuntha ndi bondo, mofatsa ndithu, maso osachoka pagalasi. Akaika foni pansi kuti adye, imagona, ndiye, "Uwapemphe amai chala." Mwana wanga asiye zochapa, atenge lichero, azungulire mpanda, ine dii, abwerere.

Tsiku lina anati, "Amama, chotsani chabe loko, aziitsegula yekha."

Ndinakana. Chala ndicho chinali chingwe. Popanda icho akananyamula foni yanga n'kupita nayo ku boma kukaonetsa anzake.

"Ndiye ine sindine waya," anatero, ndipo kuyambira pomwepo anasiya kunyamula.

Masana amenewo kunali zii. Ndinamva mkamwini akupempha, mkazi wake akusinja osayankha. Ndili phee pampando wanga, ndinamva khwakhwakhwa pansi pa mpanda. Ndinati njoka. Linali lichero, likubwera lokha, kumbuyo kwake kuli mpini wa khasu. Ndinaganiza bwinobwino monga munthu wosunga mwambo. Maso sitinaonane. Pamanja sitinapatsane. Mawu sitinalankhulane. Ndinadinda, ndinakankha ndi phazi. Mawa lake ndinapeza udzu wa m'munsi mwa mpanda wadulidwa bwino, kakhomo kokwana lichero, m'mbali mwake atamangamo ndi luzi. Mwamunayo manja ali nawo.

Kuchokera apo tinkamvana ndi chifuwa. Akatsokomola, lichero likubwera. Ine, pokhala pafupi chotero, makutu anaphunzira. Ndinayamba kusiyanitsa kukuwa kwa chigoli chathu ndi kwa chigoli cha adani, ndi kaphokoso ka mpira ukamenya chitsulo. Tsiku lina chikhamu chinakuwa iye ali chete, ndipo ndinangopezeka ndafunsa mtengo kuti, "Mango iwe, atichinya kodi?" Mango unayankha kuti, "Penati ya boza, amai, koma tizabweza." Palibe mwambo woletsa munthu kulankhula ndi mtengo.

Kenaka mango unandiuza kuti kwa wometa kwafika fayilo yatsopano, ya matimu a chaka chino, osewera ena atasamuka, ena atakalamba. Mkamwini anayamba kufunafuna pampu ya njinga. Ndinati ayi, ku boma apitenso ndani? Ndinapita ndine, foni pachifuwa. Zofunsa ndinali nditazidziwa: ikubwera yomanga kapena yomasula, nkhope zili momwemo kapena padera, sipesi ikwana kodi. Sipesi sinakwane, ndipo nyimbo ija ndimatsogolera ine inathera pomwepo. Sindinadandaule kwambiri, ndimaidziwa pamtima. Ndinapitanso ulendo wina kukatenga gemu ya magalimoto, ndi ina ya anthu omenyana, imene ndinailetsa nditamva kulira kwake. Mayi wa tomato anauza kwaya kuti pa babashopu paja tsopano pakumakhala ine.

Tsiku lina mwana wanga anabwera ndi nyemba zoti apete. Anafuna lichero m'khitchini, mulibe. Analipeza pakakhomo kaja, theka kwa ine, theka kwa mwamuna wake. Anakhala pansi pambali panga, nyemba pamiyendo, analankhula motsitsa.

"Amama, pamene anali kuyenda ku boma, ninali na mwamuna amene abwela. Nikamva njinga mtima unali kuchitako kanthu, olo ni ukali. Anali kuniuza vamene aona ku siteshoni. Manje nili na mwamuna amene alipo, koma kulibe."

"Samwa, samenya, alibe mkazi wina, chimanga chili m'nkhokwe. Ukufunanso chiyani?"

"Munthu wokamba naye."

"Ine ndi atate ako tinakhala zaka zonse zija, ukuyesa tinkakamba chiyani? Mwamuna si wailesi."

"Nanga imwe mukamba na ndani masiku ano?"

"Ndi mango."

Sanaseke. Anakapeta nyemba zake ndi mbale ya pulasitiki, mphepo ikum'bwezera mankhusu kumaso.

Sipanapite nthawi, mlamu wake wa ku Lusaka, wa maluwa uja, anabereka, ndipo ankafuna wom'gwirira tebulo lake la salaula, zovala za kaunjika zija. M'mawa wina ndinaona mwana wanga wamanga chikwama, mwana kumbuyo, nsapato za kutchalitchi kumapazi. Anaima pakhomo la mpanda, pamene amationa tonse awiri.

"Atate ake mwana, nayenda ku Lusaka."

"Dikila pang'ono, ni semi fainolo."

Anadikira. Ndikum'chitira umboni mwana wanga, anadikira. Chikhamu chinakwera, chinatsika, likhweru la kupuma linalira. Mwamunayo anaika foni pansi kuti amwe madzi.

"Wati uyenda kuti?"

"Ku Lusaka."

"Kuchita chani?"

Mkazi asanayankhe, iye anatola foni, anaipeza yagona. Kunamveka chifuwa. Lichero linatulukira pakakhomo, linadzaima pamapazi anga.

Mwana wanga sanayang'ane mwamuna wake, anayang'ana ine. Anthu amati ndikanangobisa chala m'chitenje. Amene amatero sanalerepo mkamwini. Ine ndinaganiza motere: ndikakana, munthuyu apopa njinga, ndipo dzuwa lisanalowe pakhomo pano palibe mkazi, palibe mwamuna, ukwati wathera pamsewu. Ndikadinda, theka la ukwati likhala pansi pa mango, pamalo podziwika, poti theka linalo likabwera lidzalipeza. Chinthu chimene ukudziwa pamene chili sichinatayike.

Ndinadinda.

Anakweza mwana kumbuyo, anasenza chikwama. "Tsalani bwino, amama. Muwauze apongozi anu kuti nayenda."

Ndinauza mango. Mango unati, "Afike bwino," chikhamu chikukuwa.

Kwathu mkazi akam'kana mwamuna, mkamwini amatola bulangete lake n'kubwerera kwawo. Ankhoswe a mbali zonse ziwiri anabwera, anakhala pansi pa mango, anafunafuna mlandu ngati nsabwe, sanaupeze. Mkazi sananene kuti ukwati watha, anangopita kukathandiza mlamu wake. Mwamuna sanachoke pakhomo ngakhale tsiku limodzi. Nkhoswe wa kuchimuna anati pa maukwati onse amene anaimirapo, uwu ndiwo wa mwamuna wokhazikika. Pomaliza anapempha kuti auoneko mpirawo, ndipo anzake anam'siya pomwepo.

Mvula inagwa, tinalima, tinakolola. Munda amalima ndithu, pa zimenezo musam'namizire. Wophika ndine, mbale imadzera pakakhomo komweko, tinangokakulitsa. Mwana wanga anapeza tebulo lakelake la salaula, wanenepa, kamdzukulu kakundipatsa moni m'chizungu. Amaimba pa foni yanga, ndipo kawirikawiri imalira ili m'manja mwa mwamuna wake, mpira n'kuima. Iye saiyankha, amati foni ndi ya amai. Amaiika m'lichero ikulira n'kukankha msanga kuti ingaduke.

Posachedwapa ndinam'funsa mwana wanga mosazungulira kuti abwera liti.

"Mpila ukatha, amama. Mufunseni utha liti."

Ndinatsekera foni pachifuwa, ndinatembenukira kumpanda. "Mango iwe, mpira umenewu umatha liti?"

Mango unaganiza kaye, pakuti ndi mtengo wosanama. "Uyu sukutha, amai. Ukatenga kapu, sizoni ina iyamba."

Ndinabweza foni kukhutu.

"Akuti watsala pang'ono," ndinatero.